Nyumba ya Nyali: Kodi Nzeru Zopeka Zomangidwa pa Kuwala ndi Mitundu Zingaime?

Kalata iyi yachokera kwa mayi wina amene akulemba buku lake loyamba. Ndaifupikitsa pang'ono:

"Aphunzitsi, ndikulemba nthano yaitali ya dziko lopeka. M'dzikomo muli gulu la anthu anzeru lomwe ndalitcha Nyumba ya Nyali. Iwo amaphunzitsa kuti choonadi ndi kuwala, umbuli ndi mdima, ndipo mtima wa munthu aliyense uli ndi mtundu wake. Wongolowa kumene amakhala wofiira. Akamakula m'nzeru amakwera masitepe asanu ndi awiri a utawaleza mpaka kufika poyera, pomwe pali mkulu wa gululo. Okana chiphunzitsochi amatchedwa ana a mdima. Mnzanga wina atawerenga anati ndi zachibwana. Wina anati ndikuyambitsa chipembedzo. Tsopano anzanga ena ayamba kundifunsa kuti, 'Nanga ine ndine wa mtundu wanji?' Ndimawayankha mwanthabwala, koma ena akuoneka kuti akuzitenga ngati zenizeni. Kodi ndapeka zopanda mutu? Ndichite chiyani kuti gululi limveke ngati la anthu oganiza mozama?"

Mayi, mtima ukhale m'malo. Simunapeke zopanda mutu, ndipo kulemba za gulu lokhala ndi chikhulupiriro chake si kuyambitsa chipembedzo, monganso kulemba za mbava si kuba. Njira mwalowayi anadutsamo akuluakulu a filosofi, ena mpaka anafera momwemo.

Cha m'ma 375 Khristu asanabadwe, Plato wa ku Athens analemba m'buku lake la Republic kuti ubwino weniweni uli ngati dzuwa, lomwe limachititsa kuti diso lione, zinthu zioneke, ndi zomera zikule. M'buku lomwelo muli fanizo la akaidi omangidwa m'phanga, omwe amaona zithunzithunzi pakhoma n'kumayesa kuti dziko ndi lomwelo. Ambiri amakumbukira kuti mmodzi anamasulidwa n'kutuluka kunja. Chomwe amaiwala n'chakuti kuwalako kunamupweteka maso, ndipo atabwerera kwa anzake sankaonanso bwino mumdima, moti anzakewo anamuseka kuti kutuluka kwamuwonongera maso. Plato sanabise kuti wounikiridwa amabwera ndi chilema chakechake.

Koma amene anafanana kwambiri ndi Nyumba ya Nyali yanu ndi Suhrawardi, wobadwira ku Persia mu 1154. Mu 1186 anamaliza buku lomwe linakhala maziko a gulu lenileni la anzeru, lotchedwa Ishraq, kutanthauza kuunikira. Iye ankati zonse zomwe zilipo zimasiyana pa mphamvu ya kuwala kwake, kuyambira pa Kuwala kwa kuwala konse mpaka pa zinthu zamdima zosadzidziwa. Sanalekere pa mawu okoma ayi. Anati chinthu chilichonse chimadikira kuwala kuti chioneke, koma kuwala sikudikira kuwala kwina, kumadzionetsa kokha. Ukamadziwa chinthu chomwe sichili pamaso pako, umachidziwa kudzera m'chithunzi chake cha m'maganizo. Koma ukamadzidziwa wekha kuti ulipo, palibe chithunzi chapakati chomwe umadutsira. Choncho, anatero iye, chomwe chimati "ine" mwa munthu chili ndi khalidwe la kuwala. Mutha kumutsutsa, koma mwaona kuti pali pogwira poti mutsutsire. Anaphedwa ku Aleppo mu 1191 asanakwanitse zaka 40, akuluakulu a malamulo achipembedzo kumeneko atamuda chifukwa cha ziphunzitso zake.

Tsono mnzanu woti ndi zachibwana uja musamusungire kukhosi. Ndikuganiza kuti anamva chinthu choona, kungoti analephera kuchitchula. Pa zaka zomwe ndakhala ndikuphunzitsa filosofi ndi kuwerenga zolemba za ophunzira, vuto lomwe ndimalipeza kawirikawiri ndi ili: fanizo likakoma m'khutu, wolemba amayesa kuti watsimikizira mfundo. Mawu oti choonadi ndi kuwala palibe angawakane, chifukwa mulibe chomwe munthu angakane. Chitani izi. Tengani tsamba limodzi pomwe mkulu wa gulu akuphunzitsa, mufufute mawu onse a kuwala, mdima ndi mitundu, m'malo mwake mulembe zomwe akutanthauza m'mawu wamba. Ngati chotsala n'chakuti kudziwa n'kwabwino, umbuli ndi woipa, khalani odekha, ndiye kuti gulu lanu lili ndi mikanjo ndi miyambo koma lilibe chiphunzitso. Gulu la anzeru lenileni limanena chinthu chomwe wanzeru mnzawo angachikane, kenako limasenza zotsatira za zomwe lanenazo.

Mankhwala ake si kutaya fanizo. Ndi kulitenga lonse. Walira mvula walira matope: mwasankha kuwala, landirani ndi makhalidwe ake omwe akusokoneza masitepe anu. M'menemo ndi momwe muli chiphunzitso chomwe mukuchisowacho.

Cha mu 1666 wasayansi wa ku England, Isaac Newton, anatseka chipinda kuti mukhale mdima, n'kusiya kabowo kakang'ono pa chotsekera zenera. Pomwe cheza cha dzuwa chinkalowera anaikapo galasi la mbali zitatu, ndipo pakhoma panaoneka mzere wautali wa mitundu. Ambiri nthawi imeneyo ankati galasi ndilo limasintha kuwala koyera, ngati likukupaka utoto. Newton anapatula mtundu umodzi n'kuudutsitsa m'galasi lachiwiri. Sunasinthe. Wofiira unatuluka wofiira. Atasonkhanitsanso mitundu yonse pamalo amodzi, kuyera kunabwerera. Anazilembera a bungwe la asayansi la Royal Society ku London mu 1672. Ndiye kuti kuyera kwa dzuwa si kusowa kwa mitundu, ndi mitundu yonse itakumana.

Taonani tsono zomwe zimenezi zikumuchita mkulu wa gulu lanu. Inu mwamuika pamwamba ngati munthu amene anasiya kufiira kwa mkwiyo kalekale. Koma mukachotsa kufiira pa kuwala koyera, kotsalako sikukhalanso koyera, kumapendekera ku buluu wobiriwira. Ngati a Nyumba ya Nyali amakudziwadi kuwala, sanganene kuti wokhwima ndi amene anapha mkwiyo. Adzanena kuti wokhwima ali nazo zonse, mkwiyo, mantha, chisoni, chilakolako, chilichonse pa muyeso wake, ndipo amene wadula chimodzi wadzipundula. Ichi ndi chiphunzitso, pakuti wina angachikane.

Ndipo m'nthano yanu wina achikanedi. Aimirire wopaka utoto pakati pa msonkhano, manja ali biii, anene kuti, "Ine ndikasakaniza utoto wonse m'mbale imodzi sindipeza kuyera, ndimapeza phala lakuda lonyansa." Akunena zoona. Nyali zamitundu zikaunikira pamodzi, kuwala kumawonjezerana mpaka kuyera. Utoto uliwonse umameza gawo lina la kuwala, choncho ukausakaniza wambiri umameza pafupifupi konse. Apa mwapeza mpatuko woyamba popanda kuukakamiza. A cheza adzati sonkhanitsa zonse za mumtima kuti ukhale wathunthu. A utoto adzati wolola chilichonse mumtima amatsala ndi matope, sankha mtundu umodzi uusunge woyera. Mbali zonse zili ndi umboni woti ziwonetse pamaso pa anthu, ndipo palibe yopusa. Wowerenga akafika posadziwa kuti aime ndi ndani, gulu lanu layamba kupuma.

Za masitepe asanu ndi awiri ndinenepo pang'ono. Newton poyamba ankawerenga mitundu isanu. Anawonjezera wa lalanje ndi buluu wozama kuti chiwerengero chifanane ndi manotsi asanu ndi awiri a nyimbo. Utawaleza weniweni ulibe mizere yodulira, mtundu umangolowerera mwa unzake. Ine ndikanakhala inu ndikanaika wophunzira wamakani amene tsiku lina akufunsa kuti malire a sitepe yachitatu ndi yachinayi anawalemba ndani, ndipo amene amapindula ndi malirewo ndani. Funso limeneli likhoza kumuthamangitsitsa m'gulumo, ndipo nthano yanu ipeza miyendo.

Chomwe chimandisangalatsa koposa ndi cha William Herschel. Mu 1800 ku England anaika zoyezera kutentha pa mitundu yotuluka m'galasi lija, kuti aone kuti wotentha kwambiri ndi uti. Anayesanso kunja kwa kufiira, pomwe diso siliona kalikonse, ndipo pamenepo m'pomwe panatentha kuposa pena paliponse. Chaka chotsatira Johann Ritter ku Germany anapezanso cheza chosaoneka kumapeto enawo, kupitirira pepo. Lero tikudziwa kuti diso la munthu limangoona kachigawo kochepa, kuyambira pa mananomita pafupifupi 400 kufika pa 700 (timiyeso ting'onoting'ono toyezera kutalika kwa mafunde a kuwala), pomwe njuchi zimaona kupitirira malire athu a mbali ya pepo. Ganizirani bwino pomwe Herschel anapeza kutenthako. Pa makwerero anu, malo amenewo ali pansi pa sitepe ya ongoyamba kumene, ndendende pomwe mwaika ana a mdima. Kodi chingachitike n'chiyani m'Nyumba ya Nyali tsiku lomwe mmodzi wa iwo angaonetse kuti kumalo komwe amakutcha mdima kuli cheza chomwe maso a mkulu wawo safikako? Ngati mukufuna chimake cha buku lanu, mwina ndi chimenechi.

Palinso gulu lachitatu lomwe lingabadwe, la iwo oika mlandu wonse pa diso. Kwa zaka mazana ambiri akatswiri ngati Euclid ndi Ptolemy ankati diso limatulutsa cheza chokagwira chinthu. Ibn al-Haytham, wobadwira ku Basra cha mu 965 n'kukagwira ntchito ku Cairo, anaonetsa kuti kuwala ndiko kumalowa m'diso, ndipo umodzi mwa maumboni ake unali wakuti kuwala kwamphamvu kumapweteka maso. Komabe diso silimangolandira. Goethe wa ku Germany, amene mu 1810 anatulutsa buku lotsutsa Newton, anagonja pa nkhani ya cheza, koma pa zomwe diso limachita anaona bwino. Yesani nokha lero. Ikani kapepala kofiira pa pepala loyera, mukayang'anitsitse kwa theka la mphindi osasuntha maso, kenako mukachotse. Pomwe panali kapepalako mudzaona kachigamba kobiriwira kotumbululuka, pomwe papepalapo palibe chilichonse. Diso latopa ndi kufiira, labala mtundu wotsutsana nako. Mu 2015 anthu pa intaneti anakangana pa chithunzi chimodzi cha diresi, ena akuti ndi labuluu ndi lakuda, ena akuti ndi loyera ndi lagolide, aliyense akulumbira kuti akunena zomwe akuona. A diso m'nthano yanu adzati palibe amene amaona mtundu wa mtima wa mnzake popanda kuupakako wake, ndipo woyang'anitsitsa tchimo limodzi nthawi yaitali amayamba kuona zosakhalapo. Musawapatse chipambano chonse, chifukwa akapitirira muyeso adzafika poti palibe choona, ndipo nthano yoteroyo imazizira.

Tsopano za zoopsa, ndipo pano ndilankhula mosapsatira.

Choyamba ndi ana a mdima. Kugawa dziko pawiri, a kuwala uku a mdima uku, kunayesedwa kale. Mani, wobadwa mu 216 ku Mesopotamia, anaphunzitsa kuti kuwala ndi mdima ndi maufumu awiri osatha omwe ali pa nkhondo, ndipo otsatira ake anawagawa pakati pa osankhika ndi omvera wamba. Augustine, amene pambuyo pake anadzakhala bishopu ndi mphunzitsi wotchuka wa Chikhristu, anakhala womvera wa gululo kwa zaka pafupifupi zisanu ndi zinayi, kenako analisiya n'kumaphunzitsa kuti choipa si ufumu woima pawokha koma kusowa kwa chabwino, monga mdima uli kusowa kwa kuwala. Muyenera kusankha kuti gulu lanu lili mbali iti, chifukwa zotsatira zake n'zosiyana kwambiri. Ngati mdima ndi ufumu, wokana chiphunzitso ndi mdani. Ngati ndi kusowa chabe, iye ndi munthu amene nyali sinamufike, ndipo mlandu ukhoza kugwera wonyamula nyaliyo. Kumbukiraninso kuti si anzeru onse anauda mdima. Pa Eksodo 20:21 anthu anaima patali, Mose n'kuyandikira ku mdima waukulu kumene kunali Mulungu, ndipo bishopu wakale Gregory wa ku Nyssa anamangapo chiphunzitso choti pamwamba penipeni pa kudziwa pali kusaona. Nyenyezi zimakhalapo masana, koma kuwala kwa dzuwa kumazibisa. Gulu lodziwa kuwala lopanda ulemu pa usiku n'losakhwima.

Chachiwiri n'cholemera kuposa choyamba. Makwerero a anthu omwe pamwamba pali kuyera, pansi pali kuda, ali ndi mbiri ya magazi. Mu 1735 Carl Linnaeus wa ku Sweden anagawa anthu m'magulu anayi potsata makontinenti ndi mtundu wa khungu, ndipo m'kusindikiza kwa 1758 anaphatikizapo makhalidwe pa gulu lililonse, abwino kwa a ku Ulaya, onyoza kwa a ku Africa. Magawidwe otere anadzatumikira ukapolo ndi utsamunda. Ndikudziwa kuti inu mukunena za mtima osati khungu, koma wowerenga sabwera ndi mutu wopanda kanthu. Muli ndi njira ziwiri. Mutha kusiya makwererowo monga alili koma nthano ionetse kuvulaza kwake, kuti gululo likhale lolakwa pamaso pa wowerenga. Kapena muwasinthe.

Ngati mukufuna kusintha, onani zomwe achipembedzo cha Jain ku India anachita. Iwo amati maganizo a munthu amaupatsa mzimu umodzi mwa mitundu isanu ndi umodzi: wakuda, wabuluu, wotuwa, wofiira, wachikasu ndi woyera. Amafotokoza ndi fanizo la apaulendo asanu ndi mmodzi omwe njala inawapweteka n'kupeza mtengo wa zipatso. Woyamba anati tiugwetse mtengo wonse. Wachiwiri anati tidule nthambi zazikulu. Wachitatu anati zazing'ono zokha. Wachinayi anati tithyole maphava a zipatso. Wachisanu anati titole zakupsa zokha pamtengopo. Wachisanu ndi chimodzi anati pansipa zagwa zambiri, tidye zomwezi. Dongosolo lawo la mitundu lili ndi vuto lomwe ndatchula lija, ndipo sindikuti mulitengere. Chomwe ndikufuna muone ndi china. Onse asanu ndi mmodzi anali ndi njala yofanana, ndipo chowasiyanitsa chinali kuchuluka kwa zomwe aliyense anali wokonzeka kuwononga kuti akhute. Mtundu ukuchokera pa chochita, ndipo umasintha maganizo akasintha. Fufutani mitundu yonse m'fanizoli, chiphunzitso chikhalabe chilili. Lanunso lifike pamenepo. Mtundu ukhale wa chochita, kapena wa nyengo yomwe munthu akudutsamo, osati chidindo cha munthuyo. Mkulu wa gulu akhoza kudzuka wofiira, ndipo wophunzira wa dzulodzuloli akhoza kuchita chinthu chimodzi choyera chomwe mkuluyo sanachitepo.

Chachitatu n'chaching'ono koma olemba amachiiwala. Mu 1794 John Dalton anafotokozera asayansi anzake ku Manchester kuti iye saona mitundu ina monga anthu ena amaionera. Pakati pa anthu ochokera kumpoto kwa Ulaya, pafupifupi mwamuna mmodzi pa 12 alionse amavutika kusiyanitsa kufiira ndi kubiriwira, ndipo vutoli limapezeka m'maiko onse, makamaka mwa amuna. Nanga wosaona n'komwe? Gulu lanu liyenera kukhala ndi yankho pa anthu amenewa. Likati sangafike pa nzeru, laonetsa nkhanza zake. Likati angafike, lavomera kuti mitunduyo ndi fanizo chabe. Yankho lililonse lili ndi nkhani mkati mwake.

Za anzanu ofunsa mtundu wawo, langizo langa ndi lakuti musiye kuwayankha, ngakhale mwanthabwala. Munthu amakonda kuuzidwa kuti ndi ndani, ndipo mawu a mnzake amene amamukhulupirira amakhazikika. Mukamuuza wina kuti ndi wofiira, mawa akakwiya adzati ndi mmene ndiliri, ndipo mnzake amene munamutcha wapepo adzayamba kumuyang'anira pansi. Auzeni poyera kuti makwererowo munawapeka kuti atumikire nthano, ndipo m'nthanomo akutsutsidwa. Ngati akufuna kuthandiza, apatseni mbali m'mkangano, wina aimire a cheza, wina a utoto, akangane inu mukulemba.

Pa thandizo lina, mphunzitsi wa sayansi wa kusekondale akhoza kuwerenga mitu yomwe ikunena za galasi, utoto ndi mithunzi n'kukuuzani pomwe mwaphonya, ndipo zimenezi n'zofunika chifukwa chiphunzitso chonse chatsamira pamenepo. Wophunzitsa filosofi mumupatse tsamba lofufutidwa lija, osati buku lonse, mumufunse ngati akupezamo mfundo yoti angaitsutse. Ngati mawu a mnzanu woti mukuyambitsa chipembedzo akukusowetsani mtendere, kambiranani ndi mtsogoleri wa chipembedzo chanu amene amawerenga mabuku, mumuonetse kuti ndi nthano. Poyesa za kuwala, musayang'ane dzuwa mwachindunji kapena kudzera m'galasi lililonse, chifukwa limatha kuwotcha mkati mwa diso osamva kupweteka, ndipo chilondacho nthawi zina sichipola. Ndipo ngati wina mwa anzanuwo ayamba kunena motsimikiza kuti akuona mitundu yozungulira anthu, sakugona, akudzipatula kwa omwe akuwatcha amdima, kapena akufuna kusiya mankhwala a kuchipatala kuti adzichize ndi mitundu, imeneyo si nkhani ya filosofi. Lankhulani ndi achibale ake, mumuperekeze kwa dokotala kapena mlangizi wa za maganizo mwamsanga.